Ndalama ya yuniyoni pa payslip ya mayi wa ku Nkhotakota: imagula chiyani?

Pa payslip ya mayi wopalira m'munda wa nzimbe ku Dwangwa, kapena wochapa ndi kuyala pamalo ogona alendo m'mbali mwa nyanja, pamakhala kamzere kakang'ono pansi pa penshoni: ndalama ya yuniyoni, bungwe loimira ogwira ntchito. Imachoka mwezi ndi mwezi mwakachetechete, ndipo amayi ambiri amangoiwerengera pamodzi ndi zodulidwa zina zosafunsa. Komatu ndalama imeneyi ndi mtengo wa thandizo, ndipo thandizo lolipira liyenera kuyesedwa ngati mpunga wa kilombero pamsika, kuununkhiza ndi kuufikisa m'manja musanapereke ndalama. Chigamulo chathu tinene poyambirira pomwe. Thandizoli n'loyenera mtengo wake. Pa nkhani za malipiro ndi za hiyaring'i, kumene wantchito amayankha mlandu pamaso pa abwana, limagwira ntchito ndithu. Pa uchembere ndi pa nkhanza za abwana ofuna chiwerewere limatsimphina, ndipo kawirikawiri chimene chimasiyanitsa nthambi ya yuniyoni yothandiza ndi nthambi yogona n'chakuti mu komiti muli amayi kapena mulibe.

Kulowa sikovuta. Lamulo la Labour Relations Act la 1996 limapatsa wogwira ntchito ufulu wolowa bungwe limene wafuna, ndipo kuchotsa munthu ntchito chifukwa cha umembala n'kulakwira lamulo. Mabungwe anagawana malo: a kushuga ali ndi SPAWUM, a m'mahotela ndi malo odyera ali ndi Hotel, Food Processing and Catering Workers Union, ogulitsa m'misika ali ndi MUFIS, ndipo manthu wa mabungwewa ndi MCTU (Malawi Congress of Trade Unions). Mumadzaza fomu ya umembala, n'kusainira kuti bwana azidula ndalama pa malipiro anu. Kuchuluka kwake kumasiyana malinga ndi malamulo a bungwe lililonse. Kuti masamu a m'munsimu ayende, tiyerekeze mayi amalandira K130,000 pamwezi ndipo bungwe lake limadula K1 pa K100 iliyonse. Ndiye kuti K1,300 pamwezi, K15,600 pachaka.

Chimene chimalakwika pamenepa n'chaching'ono koma chimapweteka patsogolo. Ndalama imatha kumadulidwa dzina lisanalowe m'kaundula wa nthambi, mwina chifukwa fomu inatsalira m'thumba la amene anaitenga, mwina chifukwa mndandanda wa ku ofesi ya malipiro sunafike kwa mlembi. Tsiku la mlandu mayi n'kuuzidwa kuti sakupezeka. Pakatha miyezi iwiri chilowereni, pitani kwa mlembi wa nthambi ndi payslip m'manja, muone dzina lanu m'buku ndi maso anu, mulembe nambala yanu ya umembala.

Pali chiwerengero china chimene amayi a m'malo ang'onoang'ono ayenera kuchidziwa. Bungwe likakhala ndi mamembala okwana 20 pa 100 aliwonse a ogwira ntchito pamalopo, lamulo limalilola kuitana bwana kuti akhale pansi akambirane za malipiro ndi kagwiridwe ka ntchito. Pa loji ya antchito 30, anthu 6 akwana. M'malo otere ambiri mwa ochapa, ophika ndi osesa ndi amayi, choncho chiwerengerocho angachikwanitse okha popanda kudikira alonda ndi am'munda wa maluwa.

Pa malipiro ndi pamene thandizoli limaoneka mphamvu zake. Lamulo la Employment Act la 2000 limati maola a ntchito asapitirire 48 pa sabata. Ovataimu ya tsiku wamba imalipidwa ola limodzi ndi theka pa ola lililonse, ndipo ya tsiku lopuma kapena la tchuthi cha boma imalipidwa kawiri. Mayi wa K130,000 uja amalandira K30,000 pa sabata, K625 pa ola. Akamatsalira maola 2 tsiku lililonse kuyembekeza alendo amalize kudya, pa masiku 26 amakhala wagwira maola 52 oonjezera, omwe mtengo wake ndi K48,750. Ndalama imeneyi ya mwezi umodzi ikuposa katatu zimene amapereka ku yuniyoni chaka chonse. Shop steward, wantchito woimira anzake m'bungwe pamalopo, akakhala wodziwa ntchito yake amatenga kope, n'kuyerekeza maola a m'buku losainira pageti ndi amene ali pa payslip, n'kupita nazo kwa a HR, a ofesi yoona za antchito. Nkhani zotere zimatha msanga chifukwa masamu satsutsika. Zimakanika pokhapokha mayi alibe cholemba chake. Buku lapageti ndi la bwana, ndipo likhoza kusowa tsiku limene likufunika. Kakope ka ana asukulu n'kokwanira: tsiku, ola lolowera, ola lowerukira, dzina la kapitawo. Payslip nayo muziijambula pafoni tsiku lomwe mwailandira, chifukwa yopindidwa n'kumangidwa pa nsonga ya chitenje imanyowa ndi thukuta, ndipo pakutha pa sizoni manambala amakhala atafufutika. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno.

Lamulo lomweli limanena kuti ntchito yofanana mtengo ilipidwe mofanana, mwamuna kapena mkazi. Apa nthambi zambiri zimayang'ana pamwamba pokha. Mlingo wa giredi umakhala umodzi kwa onse, inde, koma amayi amadzazana m'magiredi apansi, kupalira, kubzala, kuthira feteleza, pamene ntchito za bonasi ndi za makina zimapita kwa abambo. Funso loti ndani amasankhidwa kukaphunzira kuyendetsa thirakitala silimveka kawirikawiri pa zokambirana ngati patebulo palibe mayi woti alifunse.

Hiyaring'i ndi gawo lachiwiri limene timalipatsa ulemu. Bwana sangachotse munthu chifukwa cha khalidwe kapena kagwiridwe ka ntchito asanam'patse mwayi wodziteteza, ndipo udindo wosonyeza chifukwa chomveka uli pa bwanayo. Chipinda cha hiyaring'i chimaopsa. Mayi amakhala pampando yekha, kutsogolo kwake abambo atatu ndi mafayilo, kalata ya mlandu ili m'Chingerezi, ndipo pomaliza amam'tambasulira pepala ndi cholembera: “Mayi, ingosainani apa kuti tamvana.” Pamalo pamene pali mgwirizano wa bungwe ndi bwana, kawirikawiri membala amaloledwa kulowa ndi shop steward. Wabwino amachita zinthu zooneka: amapempha mlandu ulembedwe tsiku lisanafike, amapempha womasulira, amafunsa mboni mafunso, amalemba zonse zonenedwa, ndipo salola mayi kusaina chimene sanamuwerengere m'Chichewa. Wofooka amakhala chete mpaka kumapeto, kenaka n'kuyamba kupepesa m'malo mwa membala: “Abwana, akhululukireni, sadzayambiranso.” Kupepesa kotere n'kuvomera mlandu umene mwina sunachitike. Musanalowe, khalani naye pansi shop steward wanu, mumufunse kuti akanena chiyani. Ngati yankho lake ndi lakuti tikangopempha chifundo, pemphani wina kwa wapampando wa nthambi.

Tsopano za asizoni, chifukwa boma la Nkhotakota limadalira kwambiri ntchito za nyengo. Nzimbe zimadulidwa kuyambira cha mu Epulo mpaka mvula ikamayandikira, ndipo anthu ambiri amalembedwa nyengo imeneyo yokha. Lamulo lili ndi gawo lowateteza: munthu akalembedwa ndi bwana mmodzi masizoni otsatizana, nthawi yonse imene wagwira imaphatikizidwa ngati ntchito yosadukiza. Mayi amene wagwira masizoni 6 a miyezi 8 ali ndi miyezi 48, zomwe ndi zaka 4. Akachotsedwa mopanda chilungamo kapena chifukwa chochepetsa antchito, ndalama ya severance, imene bwana amapereka kwa wochotsedwayo, ndi malipiro a masabata 2 pa chaka chilichonse m'zaka 5 zoyamba, ndiye masabata 8, K240,000. Khothi likapeza kuti anachotsedwa mopanda chilungamo, chipepeso chake sichingachepere malipiro a sabata imodzi pa chaka chilichonse, K120,000, ndipo chikhoza kuposa pamenepo. Dziwani kuti kutha kwa sizoni pakokha sikubweretsa severance. Koma kuti zaka zimenezi ziwerengeke, pafunika makontrakiti onse 6, kapena payslip imodzi ya sizoni iliyonse. Ndi nthambi zochepa zimene zimakumbutsa asizoni kusunga mapepalawa, ndipo ndalama ya umembala ikasiya kudulidwa m'miyezi ya dzinja ena amafufutidwa m'buku, n'kumayambanso ngati achilendo chaka chilichonse. Ili ndi bowo lalikulu pa thandizoli. Funsani mlembi kuti umembala wanu umakhala bwanji sizoni ikatha.

Pa uchembere tikhalitsepo, chifukwa ndi pamene amayi amataya zambiri. Lamulo limapereka tchuthi cha masabata osachepera 8, pa malipiro athunthu, kamodzi pa zaka 3 zilizonse. Kwa mayi wathu uja ndi K240,000. Akachira ali ndi ufulu wobwerera pa ntchito yake yomweyo ndi zonse zimene ankalandira. Kuchotsa mayi chifukwa choti ndi woyembekezera ndi mlandu, ndipo bwana ndi amene ayenera kusonyeza kuti chifukwa sichinali pakatipo. Mu 2021 lamuloli linasinthidwa n'kuonjezera nthawi yoyamwitsa, mphindi 30 kawiri pa tsiku kwa miyezi yosachepera 6 mwana atabadwa, komanso tchuthi cha masabata 2 kwa abambo. Papepala zonsezi n'zabwino.

Zimene zimachitika n'zina. Mayi woyembekezera sauzidwa kuti wachotsedwa. Kontrakiti yake ya miyezi 3 imangotha osaikonzanso, anzake onse n'kupitiriza. Kapena pa kalembera wa sizoni yotsatira kapitawo amangomuyang'ana pamimba n'kunena kuti malo adzaza. Podziwa zimenezi, amayi amamanga mimba ndi chitenje mpaka miyezi 6, kusenza matumba a feteleza ndi kuyenda m'minda yopopera mankhwala, kusikelo n'kumapita mobisa. Ndiye tsiku la vuto bwana amanena kuti sankadziwa, ndipo palibe pepala lomutsutsa. Njira yotetezeka ndi yosiyana ndi imene mantha amalangiza. Mukayamba sikelo, lembani kalata yaifupi yodziwitsa bwana, muphatikize fotokope ya tsamba la m'buku la kuchipatala, mupange makope awiri, a ku ofesi asainire ndi kudinda tsiku pa kope yanu. Yachitatu ipite kwa mlembi wa nthambi. Kuchokera tsiku limenelo, chilichonse chochitika pa ntchito yanu chiyenera kufotokozedwa. Palinso gawo la lamulo limene ma shop steward ambiri saligwiritsa ntchito: kontrakiti ya nthawi yochepa imene cholinga chake n'kudzaza ntchito yokhazikika imatengedwa ngati yopanda malire. Wochapa pa loji amene wasaina makontrakiti a miyezi 3 kwa zaka ziwiri sali pa ganyu.

N'chifukwa chiyani nthambi zimafooka apa? Si nkhanza ayi. Khomo loyamba la dandaulo ndi shop steward wa m'gawo lanu, ndipo nthawi zambiri ndi bambo, mwina woyandikana naye nyumba kukomboni, mwina mnzawo wa amuna anu. Mayi wa kuno sauza bambo wotere kuti ali ndi pakati pa miyezi iwiri. Nkhani imafika mochedwa, kontrakiti itatha kale. Pa zokambirana za chaka ndi chaka namonso, komiti ya abambo okhaokha ikapatsidwa mwayi wosankha pakati pa kukweza malipiro pang'ono ndi kutalikitsa tchuthi cha uchembere, imatenga ndalama. Chonsecho masabata 8 ndi poyambira chabe. Ogwira ntchito m'boma amapuma masiku 90, ndipo bungwe loona za ntchito padziko lonse la ILO limalimbikitsa masabata osachepera 14. Palibe choletsa nthambi kupempha zoposa lamulo, kapena kupempha kuti mayi wobereka zaka 3 zisanakwane asatayiretu malipiro. Mphindi 30 zoyamwitsa nazo n'zopanda ntchito kwa mayi amene lole yam'siya kumunda wa makilomita angapo kuchokera kunyumba. Nthambi yoganiza bwino imakambirana kuti nthawi ziwiri zoyamwitsazo ziphatikizidwe mayi aziweruka ola limodzi msanga, kapena asamutsidwire kaye ku ntchito yapafupi.

Nkhanza za chiwerewere ndiye povuta kwambiri. Aliyense amene anaimapo pamzere wa kalembera amadziwa mawu aja onenedwa motsitsa: “Dzina lanu ndilisunga, koma mudzandione madzulo.” Lamulo la Gender Equality Act la 2013 limati mchitidwe umenewu ndi mlandu wa chindapusa cha K1,000,000 ndi zaka 5 kundende, ndipo limafuna kuti malo a ntchito akhale ndi ndondomeko yomveka yodandaulira. Mayi sakakamizidwa kumaliza njira za pantchito asanapite kwina: akhoza kupita ku polisi, ku ofesi yothandiza ochitiridwa nkhanza, kapena ku Malawi Human Rights Commission. Chimene chimasokoneza nthambi n'chakuti wodandaula ndi wodandauliridwa onse akhoza kukhala mamembala, ndipo kapitawoyo amadziwana ndi akomiti kuyambira kale. Nkhani imasanduka ya kukambirana kuseri, mayi n'kuuzidwa kuti asaononge banja la mwini, kenaka n'kusamutsidwira ku ndime yovuta. Nthambi yoyenera kuikhulupirira ili ndi mayi wodziwika ndi dzina wolandira madandaulo otere, malo okambirana osakhala pa ofesi ya kapitawo, ndipo imapereka oimira awiri osiyana kwa anthu awiriwo. Kwa mayi mwini: musafufute mauthenga a pafoni ngakhale akunyansa, atumizeni kwa munthu amene mumam'khulupirira, ndipo lembani tsiku, malo ndi amene anali pafupi tsiku lomwelo zisanaiwalike.

Zazing'ono nazo zimaulula komiti. Majombo amabwera a saizi 8 ndi 9 okhaokha, mayi wa phazi la saizi 5 n'kumaika nsanza kutsogolo, matuza osatha. Ovolosi yosokedwera abambo siyilola mimba. Kumunda chimbudzi kulibe kapena chili kutali, ndipo mayi amene ali kumwezi amangopirira mpaka mgwazo utatha. Zinthu izi sizidya ndalama zambiri, ndipo abwana ambiri amazikonza zikangotchulidwa pa msonkhano wolembedwa. Zimakhala zaka chifukwa wozitchula palibe.

Nanga amayi alekeranji kulowa mu komiti? Yang'anani nthawi ya misonkhano. Imaitanidwa poweruka, cha m'ma 4 kapena 5 koloko, pamene mayi akuthamangira kumjigo, kukatenga mwana kwa anansi, kukagula ndiwo dzuwa lisanalowe. Chisankho chimachitika pa msonkhano womwewo mokweza manja, pamaso pa akapitawo ndi amuna awo. Maphunziro a atsogoleri amachitikira ku Salima kapena ku Lilongwe, kogona masiku atatu, ndipo si banja lililonse limene limalola. Zonsezi zili ndi mankhwala ake. Msonkhano ukhoza kuchitika nthawi ya nkhomaliro kapena m'maola a ntchito ngati mgwirizano ndi bwana ukulola. Voti ikhoza kukhala yachinsinsi. Pemphani malamulo a bungwe lanu muwerenge gawo la zisankho ndi la komiti ya amayi, chifukwa mabungwe ambiri ali nayo papepala. Koma chenjerani ndi komiti ya amayi imene ntchito yake ndi kuphika pa misonkhano ndi kuvina pa 1 Meyi. Mpando wofunika ndi wa shop steward ndi wa gulu lokakambirana ndi abwana. Luso lake amayi ali nalo kale: amene amasunga buku la banki mkhonde, kuwerengera chiwongoladzanja cha anthu 25 osaphonya tambala, sangalephere kusunga buku la madandaulo. Amayi a m'gawo limodzi akagwirizana dzina limodzi chisankho chisanafike, osagawa mavoti, mpandowo amautenga.

Za sitalaka tingodutsa: kuyambira 2021 bwana akhoza kudula malipiro a masiku onyanyala opitirira 3 pa chaka, choncho funsani ngati njira zonse za lamulo zatsatidwa musanatuluke pageti.

Pali amayi amene thandizoli silikuwafikira n'komwe: olembedwa ndi makontrakitala, ogwira m'minda ya alimi a nzimbe ang'onoang'ono, a m'zigayo za mpunga, antchito a m'nyumba. Alibe payslip, alibe shop steward, koma lamulo la ntchito limawakhudza. Khomo lawo ndi ku Leba, ofesi ya zantchito ya boma, ndipo ndi yaulere. Poyerekeza ziwirizi, ku Leba kuli mphamvu yoitana bwana ndi kalata ya boma, koma ofesala samakhala nanu pantchito tsiku ndi tsiku, ndipo wochokera ku Dwangwa akafuna kufika paboma ndi ulendo wa makilomita oposa 50 pa msewu wa M5, thiransipoti yake yolipira yekha, mwina kangapo bwana akapanda kubwera. Yuniyoni ili pafupi ndipo imagwira nkhani isanakule. Njira ziwirizi sizitsutsana, ndipo membala ali ndi ufulu wogwiritsa ntchito zonse.

Chimene chimapha milandu yambiri ndi masiku. Dandaulo la kuchotsedwa ntchito mopanda chilungamo liyenera kufika kwa ofesala wa zantchito wa boma pasanathe miyezi 3 kuchokera tsiku lochotsedwa. Iye akalephera kuyanjanitsa mbali ziwirizo pa mwezi umodzi, nkhani ikhoza kupita ku khothi la milandu ya zantchito la Industrial Relations Court, komwe kwa anthu a ku Nkhotakota ndi ulendo wa ku Lilongwe kapena ku Mzuzu. Mayi amene wauzidwa ndi nthambi kuti “dikirani, tikukambirana ndi abwana” akhoza kudikira mpaka miyezi itatuyo kutha, makamaka ngati ali ndi khanda m'manja. Musadikire. Sabata yoyamba yomweyo pemphani kalata yochotsedwera ntchito yotchula chifukwa, ndipo malipiro anu otsala ayenera kuperekedwa pasanathe masiku 7. Polandira ndalamazo werengani pepala losainira, chifukwa ena amalembapo kuti mwavomera kuti nkhani yonse yatha. Kalembetseni dandaulo ku Leba ngakhale nthambi ikukambiranabe, mutenge kontrakiti, ma payslip, kalata ya hiyaring'i, kalata yodziwitsa za pakati ndi kakope ka maola kaja, ndipo mupemphe kuti shop steward akuperekezeni. Funsaninso mlembi, nkhani isanafike patali, ngati bungwe limalipira thiransipoti ndi woimira mlandu ukapita kukhothi, ndipo yankho lake alilembe.